Phazi ndi mphuno ya Myuda m'mabuku a madokotala

Sander Gilman, katswiri wa mbiri ya chikhalidwe wa ku America yemwe anabadwa mu 1944, anatulutsa buku lotchedwa The Jew's Body mu 1991. M'bukumo amatenga thupi la Myuda chiwalo ndi chiwalo, monga phazi, mphuno ndi mawu, n'kuonetsa zomwe madokotala a ku Germany ndi Austria ankalemba za chilichonse m'zaka za m'ma 1800.

Nkhani ya phazi ndiyo imaonetsa bwino momwe tsankho limasinthira malaya. Kalekale ku Ulaya anthu ankati Myuda ali ndi chiboda ngati cha mdyerekezi. Sayansi itakula, chibodacho chinangopatsidwa dzina lachipatala: ati Ayuda ali ndi mapazi aphwatalala, sangayende mtunda wautali. Msampha unali pamenepa. Masiku amenewo mwamuna ankaonedwa ngati nzika yeniyeni akatha kugwira mfuti. Ukangonena kuti phazi lake silingagube, wamulanda unzika osatchulako n'komwe za chipembedzo chake.

Madokotala ena achiyuda anayesa kudziteteza, koma anagwa mumsampha womwewo. Iwo anati mapazi otere amabwera chifukwa cha moyo wam'tauni ndi ntchito zoimirira, osati magazi. Ankakangana za chifukwa chake, chonsecho bodza lenilenilo atalivomera kale.

Ngakhale manambala sanathandize. Mu 1916 akuluakulu a asilikali a Germany analamula kuti Ayuda awerengedwe pofuna kuona ngati akuzemba nkhondo yoyamba ya padziko lonse, koma zotsatira zake sanazilengeze nkhondo ili mkati. Ayuda pafupifupi 100,000 analowa usilikali, ndipo 12,000 mwa iwo anafa. Mphekesera yoti Ayuda akuzemba nkhondo inapitirirabe ngati palibe chachitika.

Za mphuno Gilman anazikambanso mu Making the Body Beautiful, buku la mu 1999. Amafotokoza za Jacques Joseph, dokotala wachiyuda wa ku Berlin, yemwe mu 1898 anachita opaleshoni yochepetsa mphuno ya munthu wina. Ambiri mwa omwe ankabwera kwa iye sankadwala ayi, ankangofuna kuyenda mumsewu popanda wowacheukira, poti anthu ankati mphuno yaikulu ndi chizindikiro cha Myuda. Vuto linali chipsera. Ukacheka khungu kunja, aliyense amadziwa kuti mphunoyi ndi yokonzedwa, n'kuyamba kufunsa kuti mwini wake akubisa chiyani. Patapita zaka zochepa Joseph anayamba kuchekera m'kati mwa mphuno, kuti kunja kusatsale chizindikiro chilichonse.