Mwana akagwiriridwa ndi wachibale, thamangirani kuchipatala pasanathe maola 72

Mwana akaulula kuti wagwiriridwa ndi wachibale, mabanja ambiri amayamba kuitanizana kuti akambirane kaye. Masiku amatha akudikira wachibale wakutali. Kuchedwa kumeneku ndi kumene kukutidetsa nkhawa.

Kawirikawiri wochita zimenezi si mlendo ayi. Amakhala bambo, bambo womupeza, malume kapena msuweni. Amayamba ndi timphatso, kenako kuopseza kuti akangonena, banja litha. Anyamata nawonso amachitidwa chipongwe chomwechi. Khalani tcheru mwana akayambiranso kukodza pogona, akamayenda movutikira, mukaona magazi pa kabudula wamkati, kapena akamakana kutsala ndi munthu wina wake.

Mankhwala oteteza ku HIV otchedwa PEP amayenera kuyambidwa pasanathe maola 72, ndipo amamwedwa tsiku lililonse kwa masiku 28. Maolawo akadutsa, ngati kachilombo kanalowa kamakhala katakhazikika kale. Mapiritsi oletsa mimba mwadzidzidzi amathandiza mpaka masiku 5, koma mukafulumira m'pamene amagwira bwino ntchito. Kuchipatala amaperekanso mankhwala a chindoko ndi chinzonono, n'kuona mabala. Masiku atatu amatha banja lisanagwirizane n'komwe, chonde musadikire.

Musamusambitse musanapite, ngakhale mtima ukupweteka kumuona ali choncho. Zovala zake musachape. Zikulungeni m'pepala, osati m'pulasitiki, chifukwa chinyezi chimawononga umboni. Ngati wasamba kale, kapena zinachitika miyezi yapitayo, pitanibe, thandizo lilipo.

Akamafotokoza musamudule mawu. Funso loti "Bwanji sunakuwe?" limamupweteka kwambiri, chifukwa mantha amaumitsa thupi, munthu osatha kukuwa kapena kuthawa. Muuzeni kuti, "Ndakukhulupirira mwanawe, sunalakwe, wachita bwino kundiuza." Musamuimike pamaso pa abale kuti abwereze nkhaniyo, ndipo musamukumanitse ndi womugwiririrayo. Ana ambiri amasintha mawu akaona kuti banja lonse lakwiya, osati chifukwa ananama.

Kupepesa kapena kulipira ndalama sikuchiza matenda, ndipo womugwiririrayo akatsala m'nyumbamo, ana ena nawonso ali pangozi. Kugwiririra ndi mlandu, kaneneni kupolisi. Kuyambira usiku womwewo mwanayo asagonenso nyumba imodzi ndi munthuyo. Muonetsetse kuti wamaliza masiku onse 28 a PEP ngakhale akamamva nseru, ndipo mubwerere naye kuchipatala pa tsiku limene akuuzani kuti akayezedwenso ndi kulandira uphungu.