Stig Järrel ndi nkhope ya Himmler m'kalasi ya Chilatini

Mu Julaye 2025, wosewera mafilimu wa ku Sweden Stellan Skarsgård atauza anthu pa chikondwerero cha mafilimu ku Karlovy Vary, m'dziko la Czech, kuti Ingmar Bergman, wotsogolera mafilimu wotchuka wa ku Sweden, anali wa Nazi pa nthawi ya nkhondo yachiwiri ya padziko lonse, mkangano wakale unabukanso. Omuikira kumbuyo Bergman amakonda kuloza filimu ya Hets ya mu 1944, yomwe iye analemba, ngati umboni woti ankadana ndi ulamuliro wankhanza. Koma wosewera amene anasenza filimuyo, Stig Järrel, satchulidwa kawirikawiri.

Järrel anabadwa mu 1910 ku Malmberget, tauni ya migodi ya chitsulo kumpoto kwenikweni kwa Sweden. Anasewera m'mafilimu oposa 100, ambiri mwa iwo oseketsa. Zaka zake zoyambirira sizitichedwetsa.

Pofika 1944 mphepo inali itatembenuka. Sweden sanalowe nawo nkhondo, komabe mpaka Ogasiti 1943 ankalola asilikali a Germany kudutsa m'dziko mwake pa sitima. Hets inatuluka mu Okutobala 1944, Hitler akugonja kale, ndiye tisakokomeze kulimba mtima kwa kampani ya Svensk Filmindustri, yomwe inapanga filimuyo. Chomwe chinali chatsopano ndi munthu amene Järrel anamuika pamaso pa anthu: mphunzitsi wa Chilatini yemwe ana asukulu anamupatsa dzina loti Caligula, la mfumu yankhanza ya ku Roma wakale. Timagalasi tating'ono, tsitsi losalazidwa, kandodo kolozera m'manja, akuyenda pang'onopang'ono pakati pa madesiki kusaka woti amugwetse. Amawerenga Dagsposten, nyuzipepala ya ku Sweden yomwe inkasapota a Nazi. Oonera sanafunikire kuuzidwa kuti akuona Heinrich Himmler, mkulu wa gulu la SS la Hitler. Chowopsa kwambiri n'chakuti Caligula yemweyo, atazunza Bertha, mtsikana wogulitsa fodya, mpaka kufa kwake, akupezeka atabisala, akunjenjemera ngati mwana, n'kumadzikhululukira kuti ndi wodwala.

Nanga maganizo a Himmler anachokera kwa yani? Ambiri olemba za filimuyi amati ndale zinalowamo kudzera kwa wotsogolera, Alf Sjöberg, ndi kasewero ka Järrel, pomwe chidani cha Bergman chinali pa sukulu basi. Zomwe zinachitika filimu itangotuluka zikugwirizana nazo. Henning Håkanson, mphunzitsi wamkulu wa sukulu ya Palmgren komwe Bergman anaphunzira, analemba mu Aftonbladet kudandaula, n'kunena kuti mnyamatayo anali wovuta ndi waulesi ngakhale anali ndi nzeru. Bergman anayankha mwaukali, ndipo mkanganowo unali wa mayeso ndi aphunzitsi. Mu mbiri ya moyo wake ya mu 1987, Bergman anavomera yekha kuti anatengeka ndi Hitler ali mnyamata atapita kukacheza ku Germany. Iye amaika ulendowo mu 1934, ofufuza ena amati unali mu 1936. Mawu a Bergman okhudza moyo wake amafunika kuwasefa, pakuti ankakonda kukometsa nkhani. Kaya chaka n'chiti, nkovuta kumupatsa iye yekha ulemu wa nkhope imene ija.

Filimuyo inali m'gulu la zomwe zinalandira mphoto yaikulu ku Cannes mu 1946. Mai Zetterling, amene anasewera Bertha, anapita kukagwira ntchito ku Britain, Alf Kjellin, amene anasewera mwana wasukulu wozunzidwa ndi Caligula, anakathera ku Hollywood, Bergman anayamba kutsogolera mafilimu akeake. Järrel? Chaka chotsatira cha Hets anali atavala diresi mu Fram för lilla Märta ya Hasse Ekman, akusewera bambo wodzisandutsa mayi kuti apeze ntchito yoimba. Ena amaona ngati anataya luso lake pa nthabwala. Ine sindikuona choncho. Kuseketsa holo yodzaza si ntchito yamasewera, ndipo ndi komwe ankadyera.

Bergman anadzamuitananso mu 1960 mu Djävulens öga, n'kumupatsa mbali ya Satana. Järrel anamwalira ku Monte Carlo mu 1998, ali ndi zaka 88.