Zolowa mbali ya galimoto zobwera kutsogolo: mafunso amene madalaivala amakonda kufunsa

Nkhani iyi imatsutsanitsa anthu kwambiri, makamaka munthu akangogwidwa kumene ndi apolisi a tirafiki nde mtima uli m'mwamba, aliyense amakhala loya tsiku limenelo. Ndasonkhanitsa mafunso amene ndimawamva kawirikawiri ndipo ndayankha mmene ndikudziwira, pena ndatalikitsa pena ndangodutsapo.

Kodi kulowa mbali inayo ndi mlandu nthawi zonse?

Ayi. Pamsewu wa maleni awiri, wina wopita wina wobwera, palibe njira ina yopitirira galimoto yoyenda pang'onopang'ono kupatula kulowa mbali ya anzako, nde lamulo limalola. Koma limalola ngati kubwereka. Leniyo ili ndi eni ake, amene akubwera kutsogoloko, iweyo wangolowamo kaye ndipo ukuyenera kutulukamo asanafike, osawachititsa kuponda mabuleki kapena kuthawira kutchire. Pangano la mayiko la zapamsewu lomwe linasainidwa ku Vienna mu 1968 limanena zomwezi, kuti usanayambe kuovateka uonetsetse kuti leni imene ukulowamoyo ilibe kanthu kwa mtunda wokwanira, ndipo malamulo a mayiko ambiri amafanana nalo pa mfundo iyi ngakhale mawu amasiyana.

Ndikamati "mbali inayo" musasokonezeke, zimatengera dziko. Ku UK, Japan, India, Australia ndi mayiko ambiri a kummwera kwa Africa amayenda kumanzere nde mbali ya eni ake ndi yakumanja, pomwe ku America, China ndi mayiko ambiri a ku Europe ndi zosemphana.

Nanga mizere ija imatanthauza chani kwenikweni?

Mzere wodukaduka pakati pamsewu ndekuti ungadutse ngati kuli bwino. Mzere wosaduka ndekuti usadutse, uutenge ngati khoma. Iwiri yosaduka ndi khoma lomwelo kwa mbali zonse ziwiri. Pomwe anthu amasokonezeka ndi pamene pali iwiri, wina wodukaduka wina wosaduka, apa yang'ana umene uli mbali yako basi, ngati wakufupi nawe ndi wosaduka khala pompo ngakhale ukuona a mbali inayo akuovateka mwaufulu, iwowo akuona patali iweyo ayi, ndichifukwa chake anajambula choncho.

Mtundu wa penti umasiyana, ku America ndi Canada mzere wolekanitsa opita ndi obwera umakhala wachikasu, mayiko ena ambiri ndi woyera. Tanthauzo ndi limodzi.

Mzere ndi wodukaduka, nde ndili ndi ufulu woovateka eti?

Apa ndi pomwe ndikufuna tikhalitsepo chifukwa ambiri amafera pa mzere wodukaduka womwewo. Amene anajambula mzere uja anajambula masana kukuwala, sankadziwa kuti lero kugwa mvula, kapena kuti galimoto yako yadzaza katundu ikukanika kukoka, kapena kuti chithiraki chili kutsogolo kwakocho ndi chachitali chonchi. Mzere umangokuuza kuti malo ano kuovateka sikoletsedwa, zoti pakali pano kuli bwino kapena ayi ndi maso ako.

Tiyeni tiwerengere limodzi muone. Tinene kuti thiraki ikuyenda 60 km pa ola, iwe ukufuna kuipitirira pa 80. Kusiyana kwanu ndi 20 km pa ola basi, komwe ndi pafupifupi mamita 5 ndi theka pa sekondi. Kuti uchoke kumbuyo kwake, udutse thupi lonse la thirakiyo, nkukalowa kutsogolo kwake mosaidula mphuno, ukufunika kuipitirira ndi mamita ngati 60. Ndekuti masekondi 11 uli mbali ya eni ake. M'masekondi 11 amenewo iweyo wayenda mamita pafupifupi 245, ndipo ngati kutsogolo kukubwera galimoto pa 100 nayonso yadya mamita opitirira 300 kubwera kwa iwe. Phatikiza, ukufunika msewu wopanda kanthu woposa theka la kilomita. Theka la kilomita aise. Nde munthu amasuzumira kamodzi nkuona kagalimoto kakuoneka kakang'ono uko nkumati ndikwanitsa, osadziwa kuti maso athu amalephera kwambiri kuyeza liwiro la chinthu chimene chikubwera molunjika kwa ife, kamaoneka ngati kaima kenaka mwadzidzidzi kakula.

Ine zinandichitikira ndili dalaivala watsopano. Ndinatsatira thiraki ya matabwa mwina mphindi 20, utsi ukulowa m'galimoto, wokwera naye akungoti "dutsani apa, dutsani apa" ngati ndi iye wagwira chiwongolero. Mzere utayamba kudukaduka ndinatuluka. Ndili pakati pa thirakiyo, matayala ake akulira pambali panga pawindo, kutsogolo kunatulukira basi pakamtunda kamene sindinakaone ngati kamtunda, ikuthwanimitsa magetsi. Kutsogolo kutali, kumbuyo kutali. Ndinaponda mabuleki mpaka chikwama chinagwa pampando nkubwerera kumbuyo kwa thiraki ija, basi inadutsa ndi hutala wautali ndipo mphepo yake inagwedeza galimoto yonse. Wa "dutsani apa" uja sanayankhulenso mpaka tinafika. Mzere unali wodukaduka bwinobwino, ndipo tikanagundana wolakwa ndikanakhala ine.

Malo oletsedwa ndi ati ngakhale palibe mzere uliwonse?

Pokwera mtunda pamene sukuona kuseri, pakona yobisika, pamphambano, podutsa sitima, powolokera anthu oyenda pansi, pamlatho wopapatiza. Misewu yambiri penti inafufutika kalekale kapena sinajambulidwepo nkomwe koma izi sizikupulumutsa, wapolisi akhoza kukulembera mlandu woyendetsa mosasamala kapena moopsa popanda kutchula mzere.

Kutsogolo kwaima galimoto yowonongeka ndipo mzere ndi wosaduka, ndidikire mpaka mawa?

Ayi, kuzungulira chinthu chimene chatseka njira ndi nkhani ina, malamulo ambiri amasiyanitsa. Ku UK mwachitsanzo buku lawo la malamulo apamsewu limalola kudutsa mizere iwiri yoyera ngati ukupitirira galimoto yoima, kapena njinga yakapalasa, hatchi kapena galimoto yokonza msewu imene ikuyenda 10 mph kapena kuchepera, komwe ndi pafupifupi 16 km pa ola, bola kukhale kuli bwino. Koma chotchinga chikakhala mbali yako wodikira ndi iweyo, obwera kutsogolo adutse kaye.

Chimene sichimawerengedwa ngati chotchinga ndi mzere wa galimoto pa jamu. Aja amatuluka pamzere nkuthamanga mbali inayo kukadzipanikiza kutsogolo, amenewo alibe chonena, ndipo kunena zoona ndi amene amandikwiyitsa kuposa onse chifukwa akakumana ndi yobwera amatseka mbali zonse ziwiri nde tonse tigone pamenepo.

Ndinayamba kuovateka pa wodukaduka koma ndamalizira pa wosaduka, pali mlandu?

M'mayiko ambiri eya, chifukwa umayenera kuona kuti malo akwana usanatuluke. Nthawi zambiri mzere wosaduka usanayambe pamakhala chenjezo, timizere timatalika mipata nkumachepa, kapena pamajambulidwa mivi yokhota yokuuza kuti bwerera kwanu. Ukaona zimenezo usayambe. Koma ngati wapezeka kale uli kunjako bwerera msanga pamene pali mpata, osati kupitiriza mbali yolakwika poopa kuponda penti.

Chilango chake chimakhala chotani?

Chimasiyana dziko ndi dziko koma makwerero ake amafanana. Pansi pali faini, kenaka mapointi pa laisensi kumene kuli dongosolo limenelo, kenaka kulandidwa laisensi, ndipo ngati wavulaza kapena kupha munthu nkhani imachoka m'manja mwa wapolisi wapamsewu kupita kukhothi ndipo ndende imakhala pafupi.

Ku UK kudutsa mizere iwiri yoyera popanda chifukwa nthawi zambiri ndi £100 ndi mapointi 3, ukafika mapointi 12 m'zaka zitatu umaletsedwa kuyendetsa, kawirikawiri miyezi 6. Khothi likaona kuti kunali kuyendetsa moopsa ndi ndende mpaka zaka 2, kuletsedwa kuyendetsa chaka chimodzi kapena kuposa, ndi kulembanso mayeso. Ndipo kuyambira 2022 wopha munthu chifukwa choyendetsa moopsa akhoza kupatsidwa mpaka moyo wonse kundende. Ku Russia mlanduwu uli ndi ndime yakeyake m'malamulo, koyamba ndi faini kapena kulandidwa laisensi miyezi 4 mpaka 6, ukabwerezanso nkugwidwa ndi wapolisi laisensi imapita chaka chathunthu. Ku Germany woyenda mosemphana pa Autobahn, misewu yawo ikuluikulu yothamangirapo, nkuika miyoyo ya ena pachiswe akhoza kukhala kundende mpaka zaka 5, ndipo kumeneko mawailesi amadula pulogalamu pakati kuchenjeza madalaivala kuti msewu wakutiwakuti muli galimoto ikubwera mosemphana.

Palinso chilango china chimene anthu amaiwala, cha inshulansi. Lipoti la apolisi likangonena kuti ngozi inachitikira mbali ya mnzakoyo, kukangana kumathera pomwepo, magalasi osweka ndi mikwingwirima ya matayala pa tala zimanena zokha amene anachoka kwawo.

Bwanji chilango chake chimaposa cha milandu ina yapamsewu?

Chifukwa kugundana mphuno ndi mphuno ndi imodzi mwa ngozi zopha kwambiri. Akatswiri a zachitetezo pamsewu amati liwiro likapitirira 70 km pa ola mwayi wopulumuka pa ngozi yotere umatsika msanga, ngakhale uli m'galimoto yamakono utamanga lamba. Ndichifukwa chake ku Sweden, komwe nyumba yamalamulo inavomereza mu 1997 ndondomeko ya Vision Zero, yofuna kuti pasakhale wofa kapena wovulala kwambiri pamsewu, anasiya kudalira penti pamisewu yambiri nkuika waya wachitsulo pakati, msewu nkukhala wa maleni atatu, apa awiri mbali iyi patsogolo awiri mbali inayo, aliyense amapeza nthawi yake yoovateka osalowa kwa mnzake.

Pali kabodza kena kamene kamayenda, akuti galimoto ziwiri zikagundana iliyonse ili pa 80 zili ngati kugunda khoma pa 160. Ngati galimotozo ndi zolemera mofanana sizili choncho, iliyonse imamva ngati yagunda khoma pa 80, zomwe ndi zokwana kale kupha. Pamene 160 imagwira ntchito ndi pa nthawi, mpata wapakati panu umatha ndi mamita 44 pa sekondi iliyonse. Koma ukakumana ndi thiraki yolemera kuposa galimoto yako kakhumi kapena kuposa apo nde nkhani ina, iyo imangochepetsa liwiro pang'ono iweyo nkukankhidwa chambuyo.

Wina akubwera mu leni yanga molunjika, nditani?

Chotsa phazi pa mafuta, ponda mabuleki, liza hutala, thwanimitsa magetsi, ndipo khotera kumphepete kwa mbali yako. Usathawire mbali yake. Ndikudziwa mutu umakuuza kuti uko kuli mpata poti mwini wake wachokako, koma munthu uja akadzidzimuka, kaya anali kugona kaya anali pafoni, chinthu choyamba amakokera galimoto kwawo nde mukakumana komweko, ndipo pamenepo amene ali mbali yolakwika ndiwe. Kulowa mu udzu kapena kukhula chikwangwani ndi bwino kuposa mphuno ya galimoto ina.

Nanga amene akupitiriridwayo alibe lamulo?

Ali nalo, sakuyenera kuwonjezera liwiro. Pali madalaivala ena akaona ukuwadutsa amamva ngati wawatukwana nde amaponda mafuta, mumayenda mapewa ndi mapewa wina ali mbali ya eni ake, imeneyo ndi milandu nayonso. Ukaona mnzako wapanikizika kunjako chepetsa umupatse polowa, zokalipa mukalipirana bwino nonse muli moyo.

Ambulansi ndi apolisi bwanji amalowa mbali inayo?

Amaloledwa akakhala pa ntchito yachangu magetsi ndi sailini zili zoyatsa, komabe mosamala. Aja amamatirira kumbuyo kwa ambulansi kuti adutse nawo jamu chilolezocho sichiwakhudza.

Ndikupita dziko limene amayenda mbali ina, ndingaiwale?

Ungaiwale ndithu, ndipo sizichitika pamsewu wodzaza chifukwa pamenepo umangotsatira anzako. Zimachitika m'mawa potuluka pageti kapena pamalo omwetsera mafuta msewu uli zii, kapena ukangokhota pamphambano, manja amapita okha kumene anazolowera. Kanjira kosavuta nkoti, ngati galimotoyo ndi ya dziko lomwelo, iwe dalaivala ukhale chakumzere wapakati nthawi zonse, ukaona kuti uli chakumphepete kwa msewu dziwa kuti walowa kwa eni ake.

Mayiko athunthu anasinthapo mbali. Sweden inachoka kumanzere kupita kumanja pa 3 September 1967, galimoto zonse zimene zinali pamsewu zinaimitsidwa 10 minitsi isanakwane 5 koloko m'mawa, nkuwolokera mbali inayo pang'onopang'ono, 5 koloko itakwana nkunyamuka. Samoa inachita zosemphana mu September 2009, kuchoka kumanja kupita kumanzere kuti anthu azitha kugula galimoto zotsika mtengo zochokera ku Australia, New Zealand ndi Japan, ndipo boma linapereka holide ya masiku awiri kuti misewu ikhale ndi galimoto zochepa anthu akuzolowera.