Mluzu, mkwapulo ndi ntchentche: mmene Ennio Morricone ankapekera nyimbo za mafilimu

Achinyamata amene amabwera ndi mafilimu awo ku situdiyo yanga kuno ku Zomba kawirikawiri amafika atamaliza kale kujambula, ndipo pempho lawo limakhala limodzimodzi: "Akulu, tangotiikirani kanyimbo kenakake pansipo." Ndimawaikira ndithu, koma ndisanatero ndimayamba ndawafotokozera za Ennio Morricone, Mtaliyana amene anapeka nyimbo za mafilimu ndi masewero a pa TV oposa 400.

Morricone anabadwira ku Rome mu 1928. Bambo ake anali oimba lipenga, ndipo nayenso anaphunzira lipenga ndi luso lopeka nyimbo pa sukulu ya Santa Cecilia, kumene mphunzitsi wake anali Goffredo Petrassi. Kwa zaka zingapo ankapeza chakudya pokonzera oimba ena nyimbo za pa wailesi ndi za m'zimbale, ntchito yosatchukitsa munthu koma yophunzitsa zimene khutu la munthu wamba limagwira msanga.

Dzina lake linamveka mu 1964, pamene Sergio Leone, wotsogolera kujambula mafilimu amene anaphunzira naye limodzi ku pulayimale, anamupatsa ntchito pa filimu ya A Fistful of Dollars. Ndalama zinali zochepa, moti sakanatha kulemba ganyu gulu lalikulu la oimba ngati la ku Hollywood. Mmalo mwake anagwiritsa ntchito mluzu, gitala yamagetsi, mabelu, mawu a amuna ndi kulira kwa mkwapulo. Woimba mluzuyo anali Alessandro Alessandroni, ndipo amene anaonerapo mafilimu a makauboyi m'nyumba za vidiyo ku Chinamwali kapena ku Matawale angauzindikire ngakhale sanamvepo dzina la mwini wake.

Mu filimu ya The Good, the Bad and the Ugly ya 1966, anatenga kamawu kamodzi kotsanzira kulira kwa coyote, nyama yofanana ndi nkhandwe, n'kukagawira anthu atatu a m'nkhaniyo: wina kamamveka ndi chitoliro, wina ndi chida chotchedwa ocarina, wachitatu ndi mawu a anthu. Woonera amadziwa amene akubwera asanaone nkhope yake. Izi si zachilendo kwa ife amene tinakula ndi nthano, pakuti agogo akayambitsa kanyimbo ka mwana wamasiye, tonse tinkadziwa kuti nkhani yafika pa iye, ndipo palibe ankaganiza kuti kanyimboko n'kongokometsera.

Chimene ndimafuna kwambiri kuti achinyamatawa amve ndi cha filimu ya 1968, Once Upon a Time in the West. Nyimbo zake zinapekedwa ndi kujambulidwa ntchito yojambula filimuyo isanayambe, ndipo Leone ankaziika pamalo ojambulira kuti ochita sewero aziyenda ndi kutembenuka motsatira kugunda kwake. Komanso chiyambi cha filimuyi, chimene n'chachitali ndithu, chilibe nyimbo konse. Amuna atatu akudikira sitima ya pamtunda, ndipo chimene chikumveka ndi chitsulo cholira ndi mphepo, madzi odontha pa chipewa, ndi ntchentche yosautsa mmodzi wa iwo. Mwa maganizo anga, kuleza mtima kotereku n'kumene kumasowa m'mafilimu athu ambiri, mmene kiyibodi imalira kuyambira poyamba mpaka pomaliza, ngakhale pamene mayi akungosinja kapena mvula ikugunda malata.

Pa TV Morricone anapeka nyimbo za zigawo zambiri za La Piovra, sewero la ku Italy lonena za zigawenga za mafia. Ankalemba atakhala pa tebulo ndi pepala, osati pa piyano, ndipo sanasamukire ku Hollywood. Mphoto ya Oscar inamuchedwera: mu 2007 anapatsidwa yongomulemekeza, ndipo yopikisana anailandira mu 2016, ali ndi zaka 87, chifukwa cha filimu ya The Hateful Eight. Anamwalira ku Rome komweko mu 2020.