Mkuyu Uli ndi Maluwa, Kungoti Ali M'kati

Kuyambira ndili mwana ku Nsanje ndakhala ndikumva kuti mkuyu suchita maluwa, ndiponso kuti tizilombo ta m'nkhuyu timasonyeza kuti chipatsocho chawola. Pano nkhaniyi yafika mpaka pa WhatsApp, ndipo ndatopa nayo.

Maluwa a mkuyu amakhala m'kati mwa nkhuyu, ambirimbiri, ang'onoang'ono. Tizilombo tija ndi timavu, totalika pafupifupi mamilimita 2, ndipo sitiluma. Kamavu kakakazi kamalowa pakabowo ka kunsonga kwa nkhuyu yaiwisi katanyamula mungu. Khomolo ndi lothina moti nthawi zambiri mapiko amathothoka. Kamaikira mazira m'maluwa ena, ena n'kulandira mungu n'kusanduka njere, kenako kamafera momwemo. Ana akakhwima, tatimuna, tomwe tilibe mapiko, timakumana ndi tatikazi n'kuboola njira. Tatikazi timatuluka ndi mungu kukafuna mkuyu wina. Popanda timavuti njere sizingakhalepo, ndipo kachere naye ali ndi mtundu wake wa timavu.

N'zoona kuti nkhuyu yogwa pansi imatha kukhala ndi mphutsi za ntchentche. Imeneyo ndi nkhani ina.

Musanatumizire anzanu mphekesera zotere, kadzionereni nokha. Pitani pamkuyu wa m'mbali mwa Shire, thyolani nkhuyu yaiwisi, ina yoyamba kufewa ndi ina yakupsa, muzing'ambe pakati. Yang'anitsitsani, kapena jambulani ndi foni n'kukulitsa chithunzicho. M'nkhuyu yoyamba kufewayo ndi momwe mungapeze timavu tikuyendayenda pakati pa timaluwa.