Mmene Börje Salming anathetsera chipongwe chakuti a ku Sweden ndi amantha

M'zaka za m'ma 1970, mnyamata wa ku Sweden akangoponda bwalo la hockey ya pa ayezi ku Canada kapena ku America, ankalandiridwa ndi mawu awiri: "Chicken Swede". Kumeneko nkhuku ndi dzina la munthu wamantha, ndiye ankatanthauza kuti wa ku Sweden akangoona chibakera mtima umamuthawa. Ochemerera ankakuwa mawu amenewa, osewera a timu ina nawonso ankamulavulira mawu omwewo kukhutu, uku akumubaya ndi ndodo m'nthiti.

Chipongwechi chinali ndi pomwe chinachokera. Masewerawa ndi amodzi, a anthu 6 mbali iliyonse, ovala nsapato zokhala ndi chitsulo chakuthwa kunsi, olimbirana kampira kaphwatalala ka labala kotchedwa puck. Koma kaseweredwe kanali kosiyana. Mabwalo a ku Ulaya anali a mamita 30 m'lifupi, pomwe a NHL, ligi yaikulu ya ku Canada ndi America, ndi a mamita pafupifupi 26, choncho ku Ulaya kunali malo ozembera ndi opatsirana, pomwe ku Canada munthu amapezeka wapanikizidwa kukhoma nthawi ndi nthawi. Mpaka 1969, malamulo a mipikisano ya mayiko ankalola kugunda mnzako ndi phewa kapena chiuno kumbali ya golo lako kokha. Ndewu ku Ulaya inkatulutsitsa munthu m'masewero, pomwe ku NHL omenyana amangokhala pambali mphindi 5 n'kubwereranso. Ulf Sterner wa ku Sweden atayesa mwayi ku timu ya NHL ya New York Rangers mu 1965 anangosewera magemu 4, ndipo anthu anati: mwaona, tinanena ife. Panalinso nkhani ya pamimba. Pafupifupi osewera onse a NHL anali a ku Canada, ndipo mlendo aliyense wolowa ankatanthauza kuti mwana wa m'mudzi wina wa ku Ontario kapena Saskatchewan waluza ntchito.

Munthu amene anasintha maganizo amenewa anachokera kumpoto kwenikweni kwa Sweden. Börje Salming anabadwa pa 17 April 1951 kufupi ndi Kiruna, tauni ya mgodi wa chitsulo komwe m'nyengo yozizira dzuwa limatha milungu osatuluka. Bambo ake, a Erland, anali a mtundu wa Sámi, eni nthaka a kumeneko omwe amadziwika ndi kuweta nyama zonga mbawala zotchedwa reindeer, ndipo kwa nthawi yaitali ankanyozedwa m'dziko lawo lomwe. A Erland ankagwira ntchito mumgodi ndipo anafera momwemo pa ngozi, Börje ali ndi zaka 5. Mayi ake, a Karin, ndiwo anatsala ndi ana. Mkulu wake wa Börje, Stig, yemwenso anali wosewera wosaopa kugundana, ndiye anamutsogolera panjira, kuchoka ku timu ya kwawo ya Kiruna AIF kupita ku Brynäs mumzinda wa Gävle mu 1970. Kumeneko Börje, akusewera kumbuyo, anatenga nawo ukatswiri wa dziko mu 1971 ndi 1972.

Chakumapeto kwa 1972, Gerry McNamara, wosaka osewera wa timu ya NHL ya Toronto Maple Leafs, anapita ku Sweden kukaona Inge Hammarström, wosewera kutsogolo. Brynäs inkasewera ndi timu yoyendera ya ku Canada ya Barrie Flyers, ndipo maso a McNamara anakodwa ndi mnyamata wamtali, wowonda, amene akagundidwa ankabweza: Börje Salming. Mu May 1973 Toronto inasainitsa onse awiri.

Gemu yachiwiri ya Salming mu NHL inali ku Philadelphia, kwa timu yomwe masiku amenewo inkapambana poopseza anzawo, ndipo usiku womwewo anagwirana ndi Dave Schultz, kaponya zibakera woopedwa kwambiri mu ligi yonse. Sanathawe. Zinapitirira choncho kwa zaka. Anzake a m'timu ankaona thupi lake lili mikwingwirima yokhayokha akamavula yunifolomu, mawa lake n'kumuonanso akudziponya kutsogolo kwa puck yowombedwa mwamphamvu kuti isafike kugolo. Mu 1976, pa ndime yochotsana, Mel Bridgman wa Philadelphia anamumenya koopsa ku Toronto, mpaka akuluakulu a zamalamulo a chigawo cha Ontario anatsegulira milandu osewera angapo a timuyo.

Apa ndi pomwe nkhani ya Hammarström imandikhudza. Mnzakeyu anali waluso, anagoletsa zigoli 20 m'chaka chake choyamba, koma sankakonda ndewu ndipo sanabise. Mwini timu, Harold Ballard, anamunyoza poyera kuti akhoza kulowa pakona ya bwalo ali ndi mazira 6 m'thumba n'kutuluka osaswa ngakhale limodzi. Mawu amenewa anamumatirira mpaka anachoka ku Toronto mu 1977. Kumeneku kunali kulakwira munthu. Hammarström sanali wamantha; anaphunzitsidwa kuti ntchito ya ndodo ndi kumenya puck. Anthu awiriwa anabwera limodzi, kuchokera ku timu imodzi, ndipo amene analemekezedwa ndi amene anavomera kukhetsa magazi. Patapita zaka, Hammarström yemweyo anakhala wosaka osewera wa Philadelphia, ndipo ndiye analimbikitsa timuyo kusankha Peter Forsberg, katswiri wina wa ku Sweden, mu 1991.

Mu September 1976 kunali mpikisano wa mayiko wa Canada Cup. Salming analowa m'bwalo la timu yake ya Toronto, la Maple Leaf Gardens, atavala malaya a Sweden a zisoti zitatu zachifumu, ndipo dzina lake litatchulidwa, anthu a ku Toronto anaimirira n'kuomba m'manja osafuna kuleka. Panali patangotha zaka 3 chifikireni. Mu 1977 anasankhidwa m'gulu loyamba la akatswiri a ligi yonse, ndipo anthu a mumzindawo ankangomutcha Mfumu.

Pa 26 November 1986 ku Detroit, atagwa pafupi ndi golo, chitsulo cha nsapato ya Gerard Gallant wa Detroit chinamucheka mwangozi kuchokera pamphumi, kudutsa pafupi ndi diso, mpaka kukamwa. Madokotala anamusoka masitichi opitirira 200. Sipanatenge nthawi yaitali anabwerera m'bwalo, ndipo chipseracho anakhala nacho moyo wake wonse.

Ku Toronto anakhalako zaka 16, magemu 1,099, ndipo anathandizira zigoli 620, chiwerengero chomwe palibe wina wa timuyo anali atachifikapo. Chikho cha Stanley Cup, chomwe amalandira akatswiri a NHL, sanachigwire. Toronto inachitenga komaliza mu 1967, iye asanafike. Anasewerako chaka chimodzi ku Detroit, kenako anabwerera kwawo ku AIK ya ku Stockholm. Mu 1996 anakhala munthu woyamba wa ku Sweden kulowetsedwa mu Hockey Hall of Fame, malo olemekezera akatswiri opambana a masewerawa. Pofika nthawi imeneyo Mats Sundin wa ku Sweden anali atasankhidwa kale kukhala woyamba pa anyamata onse olowa mu NHL mu 1989, ndipo pambuyo pake anakhala kaputeni wa Toronto. Mu 2008 Nicklas Lidström, nayenso wa ku Sweden, ananyamula Stanley Cup ali kaputeni wa Detroit.

Mu August 2022 Salming analengeza kuti wapezeka ndi ALS, matenda omwe amapha mitsempha yoyendetsa minofu, munthu n'kumalephera kuyankhula, kumeza ndi kupuma. Mu November chaka chomwecho anakwera ndege kupita ku Toronto, mawu atamuthera kale. Pa 11 November anaimirira m'bwalo pakati pa Sundin ndi Darryl Sittler, kaputeni wake wakale. Sittler, misozi ikutsika, anamugwira dzanja n'kulikweza m'mwamba kuti abayibitse khamulo. Usiku wotsatira, posewera ndi Vancouver, Toronto inayambitsa gemu ndi osewera 6, kuphatikizapo goloboyi, onse a ku Sweden. Salming anabwerera kwawo, ndipo anamwalira pa 24 November 2022 ali ndi zaka 71.