Praziquantel: dzina lomwe ambiri tamwa koma sitinalitchulepo

Kuno kwathu mankhwala timawaitana ndi ntchito yake kapena ndi maonekedwe ake. Munthu akafika pawindo la famase amati "ndipatseniko a malungo", "a njoka za m'mimba", kapena "makapisozi ofiira ndi achikasu aja". Ochepa okha ndi omwe mayina awo analowa m'kamwa mwa aliyense, monga Panado, Fansidar ndi LA. Koma pali mankhwala ena omwe ana asukulu a ku Makanjira, Malindi, Monkey Bay ndi m'mbali mwa nyanja ya Malombe amwa kangapo, asodzi amawafunafuna, amayi amawaopa, koma dzina lake pafupifupi palibe amalitchula. Amangoti "mapilisi akuluakulu owawa aja a likodzo". Dzina lake ndi praziquantel, ndipo mukafuna kulitchula mwachikwathu mungoti pulazikwantelo, wa ku famase akumvani.

Dzinali silinangogwa kumwamba. Mankhwala alionse amakhala ndi mayina awiri: lomwe kampani yawapatsa kuti agulike, ndi lenileni lomwe limadziwika dziko lonse. Panado ndi dzina la malonda, lenileni ndi paracetamol. Mayina enieniwa amasankhidwa ndi bungwe loona zaumoyo padziko lonse la WHO, lomwe linatulutsa mndandanda woyamba mu 1953, ndipo amawapanga mwadala kuti kumapeto kwa dzina kuzinena banja lomwe mankhwalawo akuchokera. Kumapetoko kuli ngati chiwongo: mukangomva kuti uyu ndi Phiri kapena Milanzi, mwayamba kale kudziwa abale ake. Amoxicillin ndi ampicillin onse amathera ndi "cillin", ndi a banja la penicillin. Albendazole ndi mebendazole amathera ndi "bendazole". Tsono "antel" ya kumapeto kwa praziquantel imaperekedwa kwa mankhwala opha nyongolotsi zokhala m'thupi, n'chifukwa chake palinso pyrantel ndi oxantel. Mbali yoyambayo, "prazi" ndi "qu", ndi chidule cha mayina a zipangizo zomwe zinalumikizidwa popanga mankhwalawa, pyrazine ndi isoquinoline. Zimenezo n'za akatswiri a m'labotale, wodwala sangapindule nazo kanthu. Chomwe chingamuthandize ndi kudziwa kuti pa katoni pakhoza kulembedwa Biltricide, Cesol, Distocide kapena dzina lina la kampani ya ku India, koma pansi pake, m'zilembo zing'onozing'ono, pakalembedwa praziquantel 600 mg, ndi mankhwala amodzimodzi. Musalipire ndalama zambiri chifukwa cha katoni yokongola.

Anawapanga ku Germany kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970, makampani awiri a Merck ndi Bayer atagwirira ntchito limodzi, ndipo anayamba kugwira ntchito pa ziweto asanafike kwa anthu. Mpaka lero madokotala a ziweto amapatsa agalu ndi amphaka praziquantel yemweyu pofuna kupha nyongolotsi zaphanthiphanthi zija. Ndanena izi chifukwa pali ena amaona dzinali pa mankhwala a galu n'kuganiza kuti apeza njira yotchipa. Ayi ndithu. Muyezo wake ndi wina, ndipo nthawi zambiri amasakanizamo mankhwala ena omwe sanapangidwire munthu.

Kuti timvetse zomwe mankhwalawa amachita ndi zomwe sachita, tiyenera kudziwa kaye mdani wake. Likodzo limayamba ndi tinyongolotsi totchedwa Schistosoma, tomwe dokotala wa ku Germany, Theodor Bilharz, anatipeza ku Cairo mu 1851. Munthu wodwala akakodzera kapena kuchita chimbudzi m'madzi, amasiyamo mazira. Mazirawo amaswa, tizilombo timalowa mu nkhono za m'madzi, timachulukana m'menemo, kenaka timatuluka n'kumasambira kufunafuna khungu la munthu. Sitilira bala, timaboola khungu labwinobwino la mayi amene akuchapa, mwana amene akusambira, kapena msodzi amene akukoka khoka. Tikalowa timayenda ndi magazi, timakula, ndipo pakapita mwezi umodzi kapena miyezi iwiri kapena itatu timakhala nyongolotsi zazikulu zokhala ziwiriziwiri, yaimuna ndi yaikazi, m'mitsempha ya magazi yozungulira chikhodzodzo kapena matumbo. Zimatha kukhala mmenemo zaka zingapo zikuikira mazira tsiku ndi tsiku. Mazirawo ndi amene amavulaza munthu: ena amatuluka ndi mkodzo n'kung'amba chikhodzodzo, ndiye magazi aja, pomwe ena amatsakamira m'thupi n'kuyambitsa zilonda ndi zipsera.

Kwa nthawi yaitali likodzo la m'boma lino la Mangochi linkadziwika kuti ndi la mkodzo, lofalitsidwa ndi nkhono za mtundu wa Bulinus. Ofufuza omwe anagwira ntchito ku Chembe, ku Cape Maclear, anaona kuti nkhonozi zinachuluka pamene nsomba zodya nkhono zinachepa chifukwa cha usodzi wopyola muyezo. Kenaka mu 2017 nkhono za mtundu wina, Biomphalaria, zinapezeka m'mbali mwa nyanja kuno ku Mangochi, ndipo ana asukulu atayezedwa anapezeka ndi likodzo la m'matumbo. Limeneli ndi lobisala. Mwana sakodza magazi, amangodandaula m'mimba, nthawi zina chimbudzi chimakhala ndi timagazi, ndipo pakapita zaka chiwindi chimauma, mimba imatupa, munthu n'kuyamba kusanza magazi. Choncho kunena kuti "mwana wanga mkodzo wake ndi woyera, asamwe" sikukugwiranso ntchito kuno. Ubwino wake ndi wakuti praziquantel amapha mitundu yonse iwiri.

Mankhwalawa akafika m'magazi amatsegula tinjira ta pakhungu la nyongolotsi, mchere wa kashiamu n'kulowa wambiri nthawi imodzi. Nyongolotsiyo imakungika, imalephera kugwira mtsempha, khungu lake limang'ambika, ndipo asilikali a m'thupi amaimaliza. Zimenezi zimachitika mwachangu, ndiye chifukwa chake amamwa tsiku limodzi lokha, osati sabata yonse.

Koma apa ndi pomwe ambiri amasokonezeka. Praziquantel amapha bwino nyongolotsi zomwe zakhwima. Tomwe talowa masabata awiri, atatu kapena anayi apitawo sititekeseka naye kwenikweni. Mlendo amene wasambira ku Cape Maclear Loweruka n'kumwa mapilisi Lolemba "podziteteza" wangomwa zowawa pachabe. Anayenera kudikira miyezi iwiri kapena itatu. Komanso mankhwalawa sakhalitsa m'thupi, pofika mawa lake ambiri amakhala atatuluka. Si katemera. Msodzi amene wamwa lero n'kulowa m'madzi mkuja akhoza kutenganso likodzo latsopano. Ena akaona magazi abwereranso patapita miyezi amati mankhwala a boma ndi achabe, pomwe mankhwalawo anagwira ntchito yake, nyanja ndiyo inabweza matenda. Sindingauze munthu wa ku Mpondasi kapena ku Namiasi kuti asiye kulowa m'madzi, poti moyo wake uli momwemo. Chomwe ndinganene n'chakuti kumwa mobwerezabwereza, chaka ndi chaka, kumachepetsa nyongolotsi m'thupi ndipo zipsera sizifika poipa. Chikhodzodzo chomwe chakhala ndi mazira zaka zambiri osalandira chithandizo chimatha kugwidwa ndi khansa, ndipo pamenepo praziquantel sangabwezenso kanthu.

Nkhani ya muyezo ndi yomwe imandidetsa nkhawa kwambiri. Mlingo wake ndi mamiligalamu 40 pa kilogalamu iliyonse ya kulemera kwa munthu, ndipo pilisi limodzi ndi la mamiligalamu 600. Mwana wolemera makilogalamu 30 amafunika mapilisi awiri. Bambo wa makilogalamu 60 amafunika anayi, onse nthawi imodzi. Tsono chimachitika n'chiyani? Munthu amafunsa mtengo wa pilisi limodzi, amawerenga ndalama za m'thumba, n'kugula limodzi kapena awiri. Magazi amasiyadi kwa kanthawi chifukwa nyongolotsi zadzidzimuka, iye n'kumati wachira, chonsecho zambiri zikadali moyo. Wogulitsa amene wakupatsani mankhwalawa osafunsa kulemera kwanu, kapena osakuimikani pasikelo, sanakuthandizeni. Za ogulitsa mapilisi osalembedwa dzina m'timapepala ta pulasitiki pamsika, padzuwa, sindichita kunena. Malo ogulitsa mankhwala ayenera kukhala ndi chilolezo cha bungwe la Pharmacy and Medicines Regulatory Authority, ndipo muli ndi ufulu wofunsa.

Kusukulu alangizi a zaumoyo sayenda ndi sikelo, amayenda ndi ndodo kapena tepi yoyezera msinkhu. Makolo ena amadabwa kuti mankhwala angayezedwe bwanji ndi kutalika. Ndodoyo inakonzedwa ndi WHO poona kuti msinkhu wa mwana umayendera limodzi ndi kulemera kwake. Imayambira pa masentimita 94, pomwe mwana amalandira pilisi limodzi, n'kumakwera mpaka mapilisi asanu kwa munthu wa masentimita 178 kapena kuposa. Mapilisi ambiri omwe amagawidwa m'masukulu a mu Africa ndi mphatso ya kampani ya Merck, yomwe inayamba kupereka mu 2007 ndipo inalonjeza mapilisi ofika 250 miliyoni pachaka.

Nanga zoti ana amakomoka akamwa? Zoona zake n'zakuti mankhwalawa amatha kupweteketsa m'mimba, kuchititsa nseru, chizungulire, mutu ndi tulo, ndipo amene ali ndi nyongolotsi zambiri ndi amene amamva kwambiri, chifukwa thupi likulimbana ndi zomwe zikufa. Zimatha pakapita maola angapo. Chomwe chimakulitsa vutoli ndi njala. Mwana amene wachoka kunyumba osalawa kanthu n'kumeza mapilisi atatu m'mimba mopanda kanthu adzavutika, ndipo anzake akaona amathawira kuthengo, mphekesera n'kufala mudzi wonse kuti mapilisiwo ndi olera kapena ndi oletsa kubereka. Si zoona. Mukamva kuti mawa kusukulu kuli mankhwala a likodzo, mwana adye phala, mbatata kapena nsima yotsala asananyamuke. Chakudya chimathandizanso kuti mankhwala alowe bwino m'magazi. Abale athu achisilamu akakhala m'mwezi wa Ramadan, amwe madzulo atamasula, atadya. Pilisi musatafune, n'lowawa moti likhoza kukusanzitsani. Mezani ndi madzi, ndipo tsiku limenelo musapalase bwato, musayendetse njinga yamoto kapena galimoto.

Pali anthu omwe ayenera kulankhula kaye ndi dokotala. Woyamba ndi amene akumwa mankhwala a TB, chifukwa rifampicin amene ali mmenemo amachititsa chiwindi kuphwanya praziquantel msangamsanga asanagwire ntchito. Mankhwala a khunyu monga carbamazepine ndi phenytoin amachitanso chimodzimodzi. Komanso munthu amene amagwa khunyu asangomwa pagulu, chifukwa khunyu lina limayamba ndi ana a nyongolotsi ya nkhumba omwe akhala muubongo, ndipo praziquantel akawapha ubongo umatha kutupa. Amayi oyembekezera WHO imawalola kumwa mimba ikapitirira miyezi itatu yoyamba, ndipo oyamwitsa nawonso amamwa. Ndi bwino kutenga buku lanu lakuchipatala kuti wopereka mankhwala aone zina zomwe mukumwa.

Chinanso: musayembekezere kuti praziquantel atulutsa njoka za m'mimba zozungulira zija zomwe ana amatenga m'dothi. Chiwongo chija chimangonena kuti ndi wa m'banja lopha nyongolotsi, sichinena kuti amapha zonse. Iye amalimbana ndi zaphanthiphanthi. Zozungulirazo ndi ntchito ya albendazole, ndipo n'chifukwa chake kusukulu kawirikawiri amapereka onse awiri tsiku limodzi.

Likodzo la akuluakulu kawirikawiri limaganiziridwa kuti ndi matenda ena. Mazira akatsakamira m'njira ya amayi kapena pakhomo la chiberekero, mayi amamva kuwawa pogonana, amataya timagazi kapena chikazi chachilendo, ndipo kawirikawiri amapatsidwa mankhwala a matenda opatsirana pogonana mobwerezabwereza, banja n'kumakangana za kusakhulupirika komwe kulibe. Abambo nawo amatha kuona magazi mu umuna, ndipo izi zinapezeka pakati pa asodzi a m'boma lomwe lino. Ngati mumakhala m'mbali mwa madzi ndipo zizindikirozi sizikutha, muuzeni dokotala kuti mumachapa kapena kusamba kunyanja, ndipo funsani ngati silingakhale likodzo.

Posachedwapa mudzayamba kumva dzina lina lofanana nalo, arpraziquantel. Si kulakwitsa kalembedwe. Pilisi lakale lija muli mitundu iwiri ya mankhwala omwewo yomwe akatswiri amaitcha R ndi S, theka ndi theka. Wa R ndi amene amapha nyongolotsi, pomwe wa S sathandiza kwenikweni ndipo ndi amene amabweretsa kuwawa kwambiri. Akapatula wa R yekha, amaika "ar" kutsogolo kwa dzina. Anachita izi poganizira ana aang'ono omwe safika pa masentimita 94 a ndodo ija, ana omwe amayi amawasambitsa kunyanja tsiku lililonse koma sangameze pilisi lalikulu. Latsopanoli ndi laling'ono, la mamiligalamu 150, limasungunuka m'kamwa kapena m'madzi, ndipo ndi la ana a miyezi itatu mpaka zaka zisanu ndi chimodzi. Bungwe loona za mankhwala ku Ulaya linalivomereza mu December 2023, WHO n'kuliika pa mndandanda wa mankhwala odalirika mu 2024. Pakadali pano, mwana wosayamba sukulu akamakodza magazi mupite naye kuchipatala akamuyeze kulemera. Kumeneko amatha kuphwanya pilisi lakale pa muyezo wake n'kumupatsa ndi kanthu kotsekemera. Musamudulire nokha kunyumba chidutswa cha mapilisi a mkulu wake.